Mmene wantchito za m'nyumba ku South Africa angatetezere malipiro ake ndi ufulu wake

Amalawi ambiri amene amatsika basi ku Johannesburg, Durban kapena Cape Town amathera pa ntchito za pakhomo la munthu: kuchapa ndi kusita, kulera ana, kusamalira nkhalamba, kutchetcha kapinga ndi kuthirira maluwa. Pakati pawo pafala maganizo akuti munthu wopanda mapepala alibe kokadandaula, kotero madamu akamulipira mochedwa kapena akamuchotsa ntchito m'mawa umodzi, amangolongedza zikwama n'kuyamba kufunsira kwina. Maganizo amenewa alanditsa anthu ndalama zambiri. Malamulo a zantchito a dzikolo amateteza wantchito wa m'nyumba kuposa mmene ambiri amaganizira, koma amathandiza yekhayo amene ali ndi umboni m'manja ndipo sanachedwe kukadandaula.

Choyamba: dziwani pamene lamulo likukuikani

Gawo 23 la malamulo oyendetsera dziko la South Africa limati aliyense ali ndi ufulu wochitiridwa chilungamo pantchito, ndipo silinena kuti nzika zokha. Mu 2008 khoti la zantchito linagamula mlandu wa pakati pa kampani ya Discovery Health ndi CCMA, bungwe loyanjanitsa ndi kugamula mikangano ya pakati pa antchito ndi mabwana, wokhudza nzika ina ya ku Argentina imene inachotsedwa ntchito chilolezo chake chitatha. Khotilo linati kusowa pemiti sikumuchotsa munthu m'gulu la antchito otetezedwa ndi lamulo, ndipo kuchokera pamenepo CCMA imamva milandu ya alendo ngakhale mapepala awo asali bwino.

Pamenepa mpofunika kunena zoona zonse. Chigamulocho sichipatsa munthu pemiti. Mmalawi wolowa ndi pasipoti amapatsidwa masiku 30 ocheza, amene salola kugwira ntchito, ndipo lamulo la Immigration Act la 2002 limapereka chilango kwa wopitirira masikuwo: amaletsedwa kulowanso kwa chaka chimodzi ngati sanapyole masiku 30, ndi zaka zisanu ngati wapyola. Wogwidwa akhoza kutsekeredwa ku Lindela, ku Krugersdorp, podikira kubwezedwa kwawo. Koma lamulo lomwelo limaletsanso bwana kulemba ntchito mlendo wopanda chilolezo, choncho bwana amene akuopseza kuti akakunenezani ku Home Affairs, nthambi ya boma yoona zolowa ndi kutuluka m'dziko, pofuna kuti musafunse ndalama zanu, akudzinenezanso yekha. Chimene wopanda pemiti angayembekezere kwenikweni ku CCMA ndi ndalama, pakuti kumubwezeretsa pantchito imene lamulo lina likumuletsa nkovuta.

Malamulo a antchito a m'nyumba ali m'chikalata chotchedwa Sectoral Determination 7, chimene chinayamba kugwira ntchito mu 2002 pansi pa lamulo la Basic Conditions of Employment Act la 1997. Chimakhudzanso wosamalira pabwalo ndi dalaivala wa pakhomo, osati amayi a m'khitchini okha. Dzina la chikalatacho mulisunge, chifukwa mudzalifuna polankhula ndi bwana.

Chachiwiri: mgwirizano ulembedwe sabata yoyamba

Bwana ayenera kukupatsani zolembedwa pamene mukuyamba ntchito: dzina lake ndi adiresi, tsiku loyamba, ntchito zanu, maola ndi masiku ogwira, malipiro ndi tsiku lolandira, zodulidwa, tchuthi, ndi nthawi ya notisi. Mabwana ambiri sachita zimenezi, ndipo munthu amene wafunafuna ntchito miyezi itatu sangayambe ndi kukangana pakhomo. Njira yofatsa ilipo. Madzulo a tsiku limene mwagwirizana, tumizani uthenga wa pa WhatsApp wothokoza, ndipo mu uthengawo mubwereze zonse: kuti muyamba tsiku lakuti, muzigwira Lolemba mpaka Lachisanu kuyambira 7 koloko mpaka 4 koloko, muzilandira ndalama zakuti pakutha pa mwezi. Madamu akangoyankha movomera, ngakhale ndi kachizindikiro ka chala chachikulu kokha, muli ndi umboni. Jambulani uthengawo ndi kuutumiza kwa mbale wanu wodalirika kapena ku imelo yanu, chifukwa foni imabedwa mu taxi, ndipo nthawi zina foniyo imakhala yoperekedwa ndi bwana yemweyo.

Lembaninso dzina lonse la bwana, osati "madamu" kapena dzina loyamba lokha, pamodzi ndi nambala ya nyumba, dzina la msewu ndi dera. Anthu amagwira zaka pakhomo osadziwa dzina la banja la owalemba ntchito, kenaka n'kudzasowa cholemba pa fomu ya dandaulo. Dzinalo limapezeka pa makalata obwera pakhomo ndi pa uthenga wa banki.

Pasipoti musapereke kwa aliyense kuti akusungireni. Bwana akafuna kuona, muonetseni kapena mumupatse fotokope. Musaiperekenso kwa matransipota amene amalonjeza kukaidinditsa ku Beitbridge inu muli pantchito, pakuti chidindo chabodza chikapezeka, mlandu umakhala wa mwini pasipoti.

Chachitatu: gulani kope

Pa malangizo onse, ili ndilo lotsika mtengo ndiponso limene limapulumutsa anthu ambiri. Gulani kope la ana asukulu, mulembe mizere inayi pa tsamba lililonse: deti, nthawi yoyamba, nthawi yoweruka, ndi zina. M'malo a "zina" muzilembamo zonse zapadera, monga kuti Loweruka kunali alendo ndipo munatsuka mbale mpaka 11 koloko usiku, kuti Lamulungu munatsala ndi mwana makolo atapita ku ukwati, kapena kuti munadwala ndipo munapita ku kiliniki. Lembani tsiku lomwelo musanagone. Kope lolembedwa tsiku ndi tsiku limadziwika, zolembera zake zimasiyana, masamba ake amada, ndipo komishinala, womva milandu ku CCMA, amatha kulisiyanitsa ndi lolembedwa usiku umodzi mlandu utayandikira.

Kumapeto kwa kope muzilemba ndalama iliyonse imene mwalandira ndi deti lake. Lamulo limati bwana azikupatsani pepala la malipiro tsiku lililonse lolandira ndipo iye azisunga lake zaka zitatu. Ngati sakupatsani, pemphani kuti ndalama zizidutsa pa banki kapena pa foni kuti pazitsala uthenga. Ngati amapereka pamanja, mukalandira tumizani uthenga wothokoza wotchula ndalamazo. Malisiti a ndalama zimene mumatumiza kumudzi kudzera ku Mukuru kapena njira zina musawataye, chifukwa nawonso amasonyeza nthawi imene munkalandira.

Chachinayi: werengani ndalama zanu pa ola, osati pa mwezi

Malipiro otsikitsitsa a dziko lonse anayamba pa 1 Januwale 2019, koma poyamba antchito a m'nyumba ankapatsidwa mlingo wotsikirapo. Kuyambira mu Marichi 2022 anafanana ndi ena onse, pa R23.19 pa ola. Mu Marichi 2024 anafika pa R27.58, ndipo mu Marichi 2025 pa R28.79. Mlingowu umasintha pa 1 Marichi chaka ndi chaka, choncho mwezi umenewo ukafika funsani ku ofesi ya Department of Employment and Labour, imene anthu amangoti ku Labour, kuti mumve watsopano.

Titenge wa 2025 monga chitsanzo. Maola wamba sayenera kupitirira 45 pa sabata, kutanthauza maola 9 patsiku kwa wogwira masiku asanu, kapena 8 kwa wogwira masiku oposa asanu. Wogwira maola 45 ayenera kulandira R1,295.55 pa sabata, zimene pa mwezi zimakwana pafupifupi R5,610. Mayi amene akugonera konko, kudzuka 5 koloko kukonzekeretsa ana ndi kugona atatsuka mbale za chakudya chamadzulo, n'kumalandira R3,500, akulandidwa ndalama zoposa R2,000 mwezi uliwonse tisanawerengere n'komwe maola owonjezera. Kumupatsa chakudya ndi pogona sikufafaniza ngongoleyo.

Maola owonjezera amafuna kuti mugwirizane, sapitirira 15 pa sabata, ndipo amalipidwa mlingo umodzi ndi theka, pafupifupi R43.19 pa ola pa mlingo wa 2025. Lamulungu limalipidwa kawiri, R57.58 pa ola, kupatula ngati ndi tsiku limene mumagwira nthawi zonse, pamene limakhala mlingo umodzi ndi theka. Kugwira pa holide ya boma nakonso kumalipidwa kawiri. Mukagwira maola asanu otsatizana muyenera kupuma ola limodzi, ngakhale mutha kugwirizana kuti likhale theka. Pakati pa kuweruka ndi kuyambanso payenera kudutsa maola 12, ndipo pa sabata muyenera kupuma maola 36 otsatizana.

Ogonera pakhomo asamale kwambiri pa nkhani ya usiku, chifukwa m'pamene malire a ntchito amasokonekera. Ngati akufuna kuti mukhale tcheru pakati pa 8 koloko usiku ndi 6 koloko m'mawa, mwina chifukwa cha khanda kapena wodwala, pamafunika mgwirizano wolembedwa ndi ndalama yapadera, ndipo siziyenera kupitirira kasanu pa mwezi kapena ka 50 pa chaka. Nthawi imene mwadzukadi n'kugwira ntchito ikapitirira maola atatu, yopitirirayo imalipidwa ngati maola owonjezera.

Aganyu a tsiku limodzi, amene amayenda nyumba zingapo pa sabata, adziwe kuti mukafika pantchito n'kubwezedwa mutagwira ola limodzi kapena awiri, muyenera kulipidwa maola anayi, R115.16 pa mlingo wa 2025.

Chachisanu: onani zimene akudula

Bwana akhoza kudula ndalama ya chipinda, koma osapitirira magawo 10 pa 100 aliwonse a malipiro anu, ndipo chipindacho chikhale chosadontha, chokhala ndi zenera ndi chitseko chokiyika, ndiponso mukhale ndi chimbudzi ndi bafa. Pa R5,610 ndiye kuti sangapitirire R561. Saloledwa kukulipiritsani yunifolomu, zipangizo zogwirira ntchito, kapena chakudya chimene mwadya muli pantchito. Saloledwanso kukudulani chifukwa mwaswa mbale kapena mwawotcha malaya ndi simbi. Akatero, musakangane m'khitchini. Lembani m'kope deti ndi ndalama yodulidwayo, kenaka funsani mwaulemu pa uthenga kuti ndalamayo yadulidwa chifukwa chiyani. Yankho lake ndi umboni wanu.

Za tchuthi sizivuta kukumbukira. Pa chaka muli ndi masabata atatu olipidwa. Pa matenda muli ndi masiku ofanana ndi amene mumagwira m'masabata asanu ndi limodzi, pa zaka zitatu zilizonse, koma m'miyezi isanu ndi umodzi yoyambirira ndi tsiku limodzi pa masiku 26 ogwira. Wogwira masiku anayi kapena kuposa pa sabata amene watha miyezi inayi ali ndi masiku asanu pa chaka a zovuta za m'banja, monga maliro a kholo kapena matenda a mwana. Ulendo wa maliro wa ku Mzimba kapena ku Mangochi sutheka m'masiku asanu, choncho pemphani kuti awonjezere masiku a tchuthi cha pachaka, ndipo tsiku lobwerera mugwirizane pa uthenga musanakwere basi, kuopa kudzapeza atalemba wina n'kumati munathawa ntchito. Mayi woyembekezera ali ndi miyezi inayi ya uchembere, ndipo kumuchotsa ntchito chifukwa cha mimba ndi umodzi mwa milandu imene lamulo limaiona kuti ndi yaikulu.

Chachisanu ndi chimodzi: funsani za UIF ndi za ngozi

Wogwira maola oposa 24 pa mwezi kwa bwana mmodzi ayenera kulembetsedwa ku UIF, thumba limene limathandiza ntchito ikatha, podwala nthawi yaitali, ndi pa uchembere. Inu mumadulidwa gawo limodzi pa 100, bwana n'kuwonjezera linanso limodzi. Pokatenga ndalamazi amafuna mapepala ovomerezeka, choncho amene ali ndi pemiti akakamire kulembetsedwa, ndipo aliyense amene akudulidwa ya UIF apemphe kuona umboni wakuti ndalamayo ikupitadi kumeneko.

Nkhani ya ngozi ili ndi mbiri yowawa. Kwa zaka zambiri lamulo la chipukutamisozi cha ovulala pantchito, COIDA, linkapatula antchito a m'nyumba. Mu Marichi 2012 Maria Mahlangu, amene anagwira zaka 22 pakhomo lina ku Pretoria, anamira m'dziwe losambiramo la mabwana ake, ndipo mwana wake Sylvia atapita kukapempha chipukutamisozi anauzidwa kuti lamulo silimuwerengera. Iye pamodzi ndi bungwe la antchito a m'nyumba la SADSAWU anatengera nkhaniyi kukhoti, ndipo mu Novembala 2020 khoti la Constitutional Court linagamula kuti kupatulako n'kosemphana ndi malamulo oyendetsera dziko, n'kubweza chigamulocho m'mbuyo mpaka pa 27 Epulo 1994. Tsopano bwana ayenera kukulembetsani ku Compensation Fund, thumba la chipukutamisozicho, ndi kulipira yekha, osadula kwa inu. Mukagwa pa makwerero, mukalumidwa ndi galu wa pakhomo kapena mukapsa ndi mafuta, uzani bwana tsiku lomwelo pa uthenga, jambulani bala, uzani adokotala kuti mwavulalira pantchito kuti alembe choncho, ndipo sungani mapepala onse a kuchipatala. Bwana ayenera kukanena za ngoziyo m'masiku asanu ndi awiri; akakana, pitani nokha ku Labour.

Chachisanu ndi chiwiri: tsiku limene akukuchotsani

Tsiku limeneli munthu amakhala wokwiya kapena wamantha, ndipo zolakwika zazikulu zimachitika m'mphindi zochepa. Musasaine pepala limene simunaliwerenge ndi kulimvetsa, makamaka lonena kuti mwasiya nokha ntchito kapena kuti mwalandira zonse ndipo simudzafunanso kanthu. Nenani kuti mukufuna kukaliwerenga kaye. Musanene mwaukali kuti basi ndikupita, chifukwa mawu amenewo adzawatembenuza kukhala kusiya nokha. Ngati akuuzani pakamwa, tumizani uthenga wofunsa ngati n'zoona kuti akuchotsani lero ndiponso pa chifukwa chiti.

Kuchotsa munthu kumafuna zinthu ziwiri: chifukwa chomveka, ndi njira yachilungamo, imene pakhomo la munthu imatanthauza kukuuzani mlandu wanu ndi kukupatsani mpata woyankha asanagamule. Kungoti mphete yasowa, longedzani, sikukwanira. Notisi ndi sabata imodzi ngati mwagwira miyezi isanu ndi umodzi kapena kucheperapo, ndi masabata anayi ngati mwapitirira, kapena akulipireni ndalama za nthawiyo; kupatulapo pamene mlandu waukulu ngati kuba watsimikizika. Akupatseninso malipiro otsala, ndalama za masiku a tchuthi amene simunapite, kalata yosonyeza nthawi imene mwagwira, ndi fomu ya UI-19 yofunika pokatenga ndalama za UIF. Ngati ntchito yatha chifukwa banjalo likusamukira kunja kapena lilibenso ndalama zokulipirani, pali ndalama ina ya sabata imodzi pa chaka chilichonse chathunthu chimene mwagwira. Wogonera pakhomo amene wachotsedwa notisi isanathe ali ndi ufulu wokhalabe m'chipindacho mwezi umodzi, ngakhale kuti pamene pali chiopsezo ndi bwino kuchoka n'kukamenyera ufuluwo muli kwa abale.

Chachisanu ndi chitatu: pitani ku CCMA masiku 30 asanathe

Dandaulo la kuchotsedwa mopanda chilungamo liyenera kufika ku CCMA m'masiku 30 kuchokera tsiku lochotsedwa, ndipo Loweruka ndi Lamulungu amawerengedwa. Apa m'pamene anthu ambiri amagwera. Madamu amalonjeza kuti atumiza ndalama kumapeto kwa mwezi, wantchito n'kudikira mwaulemu, mwezi n'kutha. Wochedwa amatha kupempha kuti amukhululukire, koma ayenera kupereka zifukwa zomveka ndipo pempholo likhoza kukanidwa. Kupereka dandaulo sikuletsa kugwirizana ndi bwana pambuyo pake, choncho kaperekeni sabata yoyamba.

Thandizo la CCMA ndi laulere ndipo simufuna loya. Tengani pasipoti, kope lanu ndi mauthenga osindikizidwa papepala, mukadzaze fomu yotchedwa LRA 7.11. Pa fomupo pali malo ofunsa ngati mukufuna womasulira; lembani Chichewa, Chitumbuka kapena Chiyao ngati Chingerezi chimakuthawani mukapanikizika. Lembanimo ndalama zonse zimene bwana sanakupatseni, chifukwa kuyambira mu 2019 CCMA imamvanso madandaulo a malipiro osaperekedwa a anthu olandira zochepa, kuphatikizapo kulipidwa pansi pa mlingo wa boma. Bwana ayenera kulandira fotokope ya fomuyo, ndipo inu mubweretse umboni wakuti walandira, kaya ndi siginecha yake, lisiti ya kalata ya rejisitala, kapena imelo.

Gawo loyamba ndi loyanjanitsa. Komishinala amakhala ndi mbali zonse ziwiri m'chipinda, nthawi zina n'kulankhula ndi aliyense payekha, ndipo milandu yambiri ya m'nyumba imathera pomwepo. Pitani mutawerengera kale papepala: notisi zakuti, tchuthi zakuti, zoperewera pa malipiro miyezi yakuti. Wopita wopanda chiwerengero amavomera ndalama iliyonse imene yatchulidwa. Mukagwirizana, onetsetsani kuti pepala latchula ndalama, tsiku lolipira ndi njira yolipirira, ndipo pemphani kuti mgwirizanowo usandutsidwe chigamulo. Mukalephera kugwirizana, mlandu umapita pa gawo logamula, nthawi zambiri tsiku lomwelo, kapena mumaupititsa ndi fomu ya LRA 7.13 m'masiku 90. Pamenepo mumapereka umboni mutalumbira, ndipo chipukutamisozi chimatha kufika pa malipiro a miyezi 12, ngakhale kuti kawirikawiri chimakhala chocheperapo. Musajombe tsiku la mlandu, pakuti wodandaula akapanda kubwera mlandu ukhoza kuthetsedwa, ndipo mukasintha nambala ya foni kauzeni ofesi. Bwana akakana kulipira zimene zagamulidwa, bwererani ku CCMA kuti chigamulo chitsimikizidwe n'kuperekedwa kwa sherifi, amene ali ndi mphamvu yolanda katundu.

Ngati mukadali pantchito ndipo vuto ndi malipiro ochepa okha, mukhozanso kukanena ku Labour, kumene kuli oyendera malo a ntchito. Amene akuopa kupita yekha chifukwa cha mapepala ayambe wafunsa uphungu ku Lawyers for Human Rights, ku Legal Aid South Africa, ku Scalabrini Centre ya ku Cape Town, kapena ku mabungwe a antchito a m'nyumba monga SADSAWU ndi Izwi Domestic Workers Alliance ya ku Johannesburg.

Pamene nkhani yaposa ya malipiro

Kumenyedwa, kugwiriridwa, kutsekeredwa m'nyumba, kulandidwa pasipoti ndi foni, kapena kugwiritsidwa ntchito popanda malipiro ati pobweza ngongole ya ulendo, zonsezi ndi milandu ya kupolisi, ndipo zina zimagwera pa lamulo la 2013 loletsa kuzembetsa ndi kugulitsa anthu. Nambala ya polisi ndi 10111, ndipo ya nkhani za kuzembetsa anthu ndi 0800 222 777. Wogwiriridwa apite msanga kuchipatala kapena ku Thuthuzela Care Centre, malo othandizira ogwiriridwa, asanasambe ndi kusintha zovala, chifukwa mankhwala oteteza ku HIV amayenera kuyambidwa m'maola 72. Kuvutitsidwa ndi bambo wa pakhomo pofuna zachiwerewere kutha kukadandaulidwanso ku CCMA m'miyezi isanu ndi umodzi. Amene pasipoti yake yalandidwa kapena yatayika akanene kupolisi, atenge kalata yake, apite nayo ku ofesi ya kazembe wa Malawi ku Pretoria kapena ku ofesi ya ku Johannesburg kukapempha chikalata choyendera.